Mchenga uli ndi mwini: ziphaso, makhonsolo ndi malonda a mumtsinje

Palibe nyumba ya simenti imene imakwera popanda mchenga. Thumba limodzi la simenti limadya mawilibala angapo a mchenga, kaya mmisiri akuyala zidina, akupaka pulasitala kapena akuthira konkire, ndipo mchengawo sutuluka mufakitale. Umafukulidwa mumtsinje, kudambo kapena pagombe la nyanja, n'kukwezedwa pangolo, pathirakitala kapena palole. Bungwe la United Nations loona za chilengedwe la UNEP linalengeza mu 2022 kuti dziko lonse lapansi limagwiritsa ntchito matani pafupifupi 50 biliyoni a mchenga ndi timiyala chaka chilichonse, ndipo kupatula madzi palibenso china cha m'chilengedwe chimene anthu amachitapa chochuluka chotere.

Kuno kwathu njala ya mchenga yakula pamodzi ndi mizinda. Kalembera wa 2018 anapeza anthu oposa 17.5 miliyoni, ndipo mwa iwo pafupifupi miliyoni imodzi anali mumzinda wa Lilongwe, ena pafupifupi 800,000 ali ku Blantyre. Chaka chomwecho boma, kudzera m'malamulo a bungwe loyang'anira zomangamanga la NCIC, linaletsa njerwa zootcha pa nyumba za boma, za mabungwe ndi zochitiramo malonda, pofuna kupulumutsa mitengo. Cholinga chinali chabwino, koma mtolo wina unasamukira kumtsinje, pakuti chidina cha simenti chimaumbidwa ndi mchenga kapena fumbi la kwale. Aliyense wodutsa m'mbali mwa Lilongwe, Lingadzi, Mudi, Lunzu, Likangala kapena Lunyangwa amaiona milu yoyembekezera ogula.

Amene ali m'malondawa mukawafunsa za chilolezo, mayankho amabwera atatu. Wina amati amfumu akudziwa. Wina amatulutsa lisiti la khonsolo. Wina amati mtsinje ngwa Mulungu, munthu sapempha kwa munthu mnzake. Mayankho onsewa ali ndi pogwira pake, koma palibe ndi limodzi lomwe limene limakwana pamaso pa lamulo.

Mchenga ngwa yani

Pamalamulo a dziko lino mchenga uli m'gulu la miyala ya m'nthaka, limodzi ndi malasha, laimu ndi miyala yamtengo wapatali. Chuma cha pansi pa nthaka nchadziko, osati cha mwini munda. Munthu angathe kukhala ndi dimba lofika mpaka kumadzi, lochoka kwa agogo ake, koma zimenezo sizimupatsa ufulu wogulitsa mchenga wa mumtsinjemo kwa malole monga momwe amagulitsira tomato wake.

Lamulo la migodi la 1981 linkapereka kwa bwanamkubwa mphamvu yopereka chilolezo chokumba zinthu zomangira monga mchenga, dothi ndi miyala. Lamulo la 2019, limene linalowa m'malo mwake, linaika m'manja mwa makhonsolo chilolezo cha anthu okumba zomangira ndi zida zamanja, pamene ziphaso za migodi yaing'ono, yapakati ndi yaikulu zinkaperekedwa kulikulu. Mu 2023 kunabweranso lamulo lina limene linakhazikitsa bungwe la Mining and Minerals Regulatory Authority kuti liziyang'anira ziphaso za migodi. Pa zaka zonsezi mzere waukulu wakhala ukudutsa pakati pa fosholo ndi makina. Wokumba pang'ono ndi manja nkhani yake imayambira kukhonsolo ya kwawo, koma wobweretsa chimakina chofukula ndi matipa wayamba mgodi, ndipo lisiti la pamsika silingamuteteze.

Pali mchenganso wina umene suyenera kusokonezedwa ndi womangira. Ku Makanjira m'boma la Mangochi, kumadera ena a Salima ndi kufupi ndi nyanja ya Chilwa kuli mchenga wakuda wolemera wokhala ndi miyala imene mafakitale akunja amaifuna. Umenewo ndi nkhani ya mgodi weniweni, ndipo chilolezo cha khonsolo sichifikako.

Makomo ogogoda

Munthu wofuna kuchita malonda a mchenga mosazemba ali ndi makomo angapo oti agogode, ndipo khomo lililonse limayankha funso lakelake.

Khomo loyamba ndi la malo. Kuti lole ifike pamtsinje imadutsa m'munda wa munthu, m'njira ya mudzi kapena pamalo a khonsolo. Pamalo a makolo, amene lamulo la 2016 linawaika pansi pa makomiti a za malo ogwira ntchito ndi mafumu, chilolezo cha eni malo ndi nyakwawa nchofunika ndithu. Koma chimene amfumu amavomereza ndi kulowa pamalopo ndi kusunga mtendere wa mudzi. Sapereka chiphaso cha mgodi, pakuti mphamvu imeneyo lamulo silinawapatse.

Khomo lachiwiri ndi la chilolezo chokumba, kukhonsolo kapena kubungwe la migodi malinga ndi kukula kwa ntchito. Lachitatu ndi la chilengedwe. Lamulo la 2017 losamalira chilengedwe linakhazikitsa bungwe la Malawi Environment Protection Authority, limene ambiri amangolitchula kuti MEPA, ndipo limafuna kuti ntchito zimene zingawononge malo ziyambe zaunikidwa zisanayambe. Bungweli lili ndi mphamvu yoimitsa ntchito ndi kulamula wowononga kuti akonze pamene wawononga. Lamulo lomweli limanena kuti munthu aliyense ali ndi ufulu wokhala pamalo aukhondo ndi osawonongeka, ndipo angathe kukaudandaulira kukhoti. Maziko ake ali m'gawo 13 la malamulo aakulu a dziko, limene limalamula boma kusamalira chilengedwe poganizira ndi ana amene sanabadwe.

Khomo lachinayi ndi la madzi. Lamulo la 2013 la za madzi linakhazikitsa bungwe la National Water Resources Authority, ndipo ntchito zosintha njira ya mtsinje kapena kudetsa madzi ake zimagwa m'manja mwa bungweli. Kufukula pansi pa mtsinje ndi makina sikungapewe kuchita zimenezo. Khomo lomaliza ndi la malonda enieniwo: kulembetsa bizinesi, kutenga chiphaso chochitira malonda kukhonsolo, kukhala ndi nambala ya msonkho ku MRA, ndi kuonetsetsa kuti galimoto ili ndi mapepala ake ndipo sikunyamula mopyola muyezo.

Apa mpamene pali kusiyana pakati pa wokumba ndi wogulitsa. Munthu angathe kukhala ndi chiphaso cha malonda, yadi yake ya mchenga m'mbali mwa msewu, lole yake ya mapepala okwana, iye osagwirako fosholo ngakhale tsiku limodzi. Mapepala ake onse amanena kuti ndi wamalonda wovomerezeka, koma palibe limodzi lonena kumene mchenga wake wachokera. Mpata umenewu ndiwo wadyetsa mitsinje yambiri.

Chimene lamulo likuteteza

Ena amaona ziphaso ngati njira ina yoti khonsolo idyere anthu osauka. Kuti munthu amvetse chifukwa chake lamulo limalowerera, ayenera kudziwa ntchito ya mchenga mumtsinje. Madzi osefukira amanyamula mchenga kuchoka kumtunda, kuusiya pena, kuutolanso chaka china. Mukachotsa wochuluka kuposa umene mvula imabweretsa, madzi amakhala ndi mphamvu yotsala, ndipo amayamba kudya pansi pa mtsinje ndi magombe ake. Dzenje lokumbidwa pamalo amodzi limayenda, kulowera kumtunda ndi kumunsi komwe. Mizati ya mlatho imatsala poyera, mapaipi a madzi owoloka mtsinje amalendewera, dimba limagumukira m'madzi, nyumba imene inali patali ndi gombe imapezeka ili pamwamba pa phompho. Akuluakulu anati madzi saiwala khwawa, ndipo mtsinje wosokonezedwa umakafuna njira yake ngakhale pakati pa mudzi.

Mchenga umasunganso madzi. M'chilimwe, mtsinje ukaoneka ngati waphwa, pansi pa mchenga pamakhala madzi, n'chifukwa chake amayi amafukula pang'ono n'kutunga. Mchengawo ukachoka, madzi a m'nthaka yoyandikana nawo amatsika, zitsime zosaya zimauma msanga, ndipo alimi a m'madimba amayamba kuthirira movutikira. Maenje osiyidwa amadzaza madzi m'dzinja, kusanduka moswanirana udzudzu ndi misampha ya ana. Okumba nawonso amaika moyo pachiswe akamalowa kunsi kwa gombe pofuna mchenga woyera, pakuti dothi lapamwamba limatha kuwakwirira. Ku Lilongwe nkhaniyi imakhudzanso mpopi, popeza madzi ambiri a mumzinda amachokera mumtsinje wa Lilongwe, umene umayambira ku Dzalanyama n'kudutsa m'madamu a Kamuzu ku Malingunde. Kunyanja, monga ku Senga Bay m'boma la Salima, gombe lamchenga ndilo chuma cha malo ogona alendo, ndilonso pokocheza mabwato ndi poyanika nsomba.

Komabe si kuchotsa mchenga kulikonse kumene kumawononga. Mapiri athu atametedwa mitengo, mitsinje ina, makamaka m'chigwa cha Shire, inakwiririka ndi mchenga moti madzi amasefukira m'midzi mvula ikangochuluka. Pa Nkula kampani ya EGENCO imawononga ndalama kuchotsa matope ndi mchenga kuti makina opangira magetsi ayende. M'malo otere kutapa mchenga mwadongosolo n'kuthandiza mtsinje. Ndiye chifukwa chake kuletsa kwa chisawawa sikugwira ntchito, ndipo kulekerera sikugwiranso. Funso limene chiphaso chiyenera kuyankha ndi lakuti: pati, wochuluka bwanji, nyengo iti, ndipo adzakonze ndani. Funso limenelo silingayankhidwe ndi munthu amene sanauonepo mtsinjewo.

Mphamvu ndi zofooka za khonsolo

Apa mpamene khonsolo imafunikira. Lamulo la maboma aang'ono la 1998, limene linabwera limodzi ndi ndondomeko ya mphamvu ku anthu, linapatsa makhonsolo udindo woyang'anira chitukuko ndi chilengedwe m'madera awo, kutolera ndalama zawozawo ndi kupanga malamulo aang'ono. Dziko lino lili ndi makhonsolo a m'maboma 28, a m'mizinda inayi ya Blantyre, Lilongwe, Mzuzu ndi Zomba, ndi a matauni ena monga Kasungu, Luchenza ndi Mangochi. M'boma muli mkulu woona za chilengedwe, wa za madzi, wa za malo ndi wa za nkhalango, ndipo pansi pawo pali makomiti a chitukuko a m'madera ndi m'midzi. Anthu amenewa ndiwo angadziwe kuti khonde ili la mtsinje ladzaza mchenga, koma paja pafupi ndi mlatho sipoyenera kukhudza.

Zofooka zake nzodziwika. Malamulo aang'ono amapangidwa ndi makhansala n'kuvomerezedwa ndi nduna, koma kuyambira 2005 mpaka chisankho cha 2014 dziko lino linalibe makhansala. Zaka zimenezo mizinda inkakula, malole ankachuluka, pamene opanga malamulo a m'madera kunalibe. Chindapusa cholembedwa kalekale chimadyedwa ndi kugwa kwa kwacha mpaka kusanduka chochepa kuposa phindu la ulendo umodzi wa lole, ndiye wophwanya lamulo amangochiwerengera ngati mtengo wa dizilo.

Vuto lalikulu ndi lakuti khonsolo ili ndi nkhope ziwiri pa nkhaniyi. Ndi mlonda wa mtsinje, komanso ndi wotolera msonkho wosowa ndalama. M'madera ambiri wotolera amaima panjira yotulukira, kulandira ndalama ya lole iliyonse n'kudula lisiti. Lisiti limenelo limangonena kuti ndalama yaperekedwa. Silinena kuti malowo anayenderedwa, silinena kuya kwa dzenje, silinena kuti malole akafika angati ntchito iime. Khonsolo ikamayeza kupambana kwake ndi kuchuluka kwa malisiti, malole akachuluka imasangalala, pamene mtsinje ukutha. Ndipo woyendetsa lole amene walipira amaona kuti wagula ufulu, moti a zachilengedwe akabwera kudzamuimitsa amadabwa kuti boma lomwelo likulankhula pawiri.

Kuwonjezera apo mtsinje sudziwa malire a khonsolo. Lilongwe ndi Lingadzi amadutsa m'dera la khonsolo ya boma asanalowe m'dera la khonsolo ya mzinda. Mzinda ukakhwimitsa, okumba amangosunthira kunja kwa malire, malole n'kumalowabe m'tauni m'mawa uliwonse. Amene amamanga ali mumzinda, amene amatsala ndi maenje ali kumudzi, ndipo ndalama ya msonkho kawirikawiri sibwerera pamalo pamene mchenga unachoka.

Fosholo ndi lole

Akuluakulu akaganiza zothana ndi mchitidwewu, amene amagwidwa msanga ndi amene ali m'madzi: anyamata aganyu, amayi osenza mabeseni, abambo a ngolo. Amalandidwa mafosholo, milu yawo imamwazidwa, patapita masiku ochepa amabwerera chifukwa kunyumba kulibe ufa. Anthu amenewa ndiwo amapeza zochepa pa malonda onsewa. Ndalama yeniyeni imakula mchenga ukakwera lole, pakuti mchenga ndi katundu wolemera wotsika mtengo, ndipo gawo lalikulu la mtengo umene womanga amalipira ndi la mayendedwe. Mwini lole ndi kontilakita ndiwo amasankha mtsinje woti utapidwe, posankha kumene kuli pafupi ndi kotchipa.

Kulondola anthu mazanamazana omwazikana m'mitsinje nkovuta, koma malole ngowerengeka, ali ndi nambala, ndipo amayenda m'misewu yodziwika. Chiphaso cha wogulitsa chikanakhala chomukakamiza kugula pamalo ovomerezeka okha, kusunga kaundula wa maulendo ake, ndi kunyamula kalata yonena kumene katundu aliyense wachokera, mlonda mmodzi pamsewu akanachita zimene alonda makumi awiri sangathe kumtsinje. Okumba ndi manja nawo akanapindula atakhala m'magulu olembetsedwa, opatsidwa gawo lawo la mtsinje, pakuti gulu limatha kukambirana mtengo ndi mwini lole, ndipo limakhala ndi chifukwa choletsera mlendo kukumba pamalo oletsedwa.

Wogula alinso ndi phindu lake pamenepa. Amisiri amasiyanitsa mchenga wa mumtsinje, wokhakhala, woyenera konkire, ndi wa kudambo, wosalala, umene ambiri amapakira pulasitala. Mchenga wodzaza dothi ndi zinyalala umafooketsa simenti, ndipo khoma limayamba kufumbutuka lisanakalambe. Malonda opanda kaundula alibe woti n'kumufunsa zikatero.

Zimene anachita ku Makueni

Dziko la Kenya linayenda njira imeneyi kale. Bungwe lawo la zachilengedwe la NEMA linatulutsa ndondomeko ya kakololedwe ka mchenga mu 2007, yonena za malo ovomerezeka, kuya kwa maenje, kutalikirana ndi milatho ndi kuvomerezedwa kwa ogulitsa. Ndondomekoyo inali yabwino papepala, koma m'madera ouma a kum'mwera chakum'mawa kwa Nairobi malole anapitiriza kukokolola mitsinje usana ndi usiku. Kumeneko mitsinje yambiri imayenda m'nyengo ya mvula yokha, ndipo anthu ndi ziweto amadalira madzi a pansi pa mchenga. Mikangano inafika poipa, malole anatenthedwa, anthu anafa.

Malamulo aakulu a Kenya a 2010 anagawa dzikolo m'zigawo 47 zokhala ndi maboma ndi nyumba za malamulo zawozawo. Chigawo cha Makueni, motsogozedwa ndi Kivutha Kibwana amene anasankhidwa mu 2013, chinapanga lamulo lakelake la mchenga mu 2015 n'kukhazikitsa bungwe loona za mchenga wokha. Analetsa kutulutsa mchenga kunja kwa chigawocho, analola kukolola wogwiritsa ntchito komweko pamalo osankhidwa ndi chiphaso, ndipo gawo lalikulu la ndalama zotoleredwa analiika pa ntchito yobwezeretsa mitsinje, monga kumanga timakoma todutsa mumtsinje timene timagwira mchenga ndi madzi. Patapita zaka, mchenga unayamba kubwerera m'mitsinje imene inatsala miyala yokhayokha.

Si zonse za ku Makueni zimene zingakwane kuno. Khonsolo ya boma la Lilongwe singatseke mchenga kuti usalowe mumzinda wa Lilongwe, ndipo zigawo za ku Kenya zili ndi mphamvu ndi chuma choposa cha makhonsolo athu. Komanso malole oletsedwa pamalo amodzi amakafuna kwina, mzinda sunasiye kumanga. Chimene tingatengeko ndi chakuti ntchito inapatsidwa mwini mmodzi wodziwika, malo anasankhidwa chiphaso chisanaperekedwe, ndipo ndalama ya mchenga inabwerera kumtsinje. Ku India nako khoti lalikulu linagamula mu 2012 kuti ngakhale malo aang'ono okumbapo mchenga, osakwana mahekitala 5, ayenera kuunikidwa ndi a zachilengedwe, litaona kuti anthu ankaduladula malo aakulu kuti azembe lamulo. Maenje ang'onoang'ono ambiri pamtsinje umodzi amawononga ngati dzenje limodzi lalikulu.

Chiphaso chokhala ndi mano

Malamulo tili nawo, a migodi, a chilengedwe, a madzi, a malo ndi a maboma aang'ono. Chosowa ndi ulusi wowalumikiza. Munthu wofuna kutsata lamulo sayenera kuzungulira maofesi asanu osadziwa loyambira, pamene mnzake wozemba wagulitsa kale malole khumi. Khonsolo ingathe kukhala khomo limodzi lolandirira pempho, n'kuitana a MEPA, a zamadzi ndi a migodi kuti aone malowo limodzi, makamaka mvula ikangotha, pamene zimaoneka bwino kuti mtsinje wabweretsa mchenga wochuluka bwanji chaka chimenecho.

Chiphaso chotuluka pamenepo chiyenera kutchula malo enieni ndi malire ake, kuya kosapyola, mtunda wochoka pamlatho, pamapaipi ndi pagombe, miyezi yololedwa, zida zololedwa, ndi kuchuluka kwa malole. Wokumba ndi makina asiye chikole cha ndalama chimene angachitenge pokhapokha atakwirira ndi kubzala pamene wakumba. Mndandanda wa malo ovomerezeka ndi wa ogulitsa okhala ndi ziphaso upachikidwe kukhonsolo ndi kwa amfumu, kuti mudzi udziwe amene walowa mololedwa. Gawo lodziwika la msonkho lizibwerera kukomiti ya dera limene mchenga wachoka, lolembedwa poyera, kuti ndalama imene lero imaperekedwa kumbali isanduke ya mudzi wonse. Ndipo kumene kuli makampani ophwanya miyala, fumbi la kwale lingachepetse mtolo wa mtsinje pa ntchito youmba zidina.

Chida champhamvu kuposa zonsezi chili m'manja mwa boma lenilenilo. Misewu, milatho, sukulu ndi zipatala zimamangidwa ndi ndalama za boma ndi za abwenzi ake, ndipo mapulani a nyumba zikuluzikulu za m'tauni amavomerezedwa ndi makhonsolo. Kontilakita salipidwa asanaonetse kuti ntchito yafika pamlingo wakutiwakuti. Atauzidwa kuti pamapepala omwewo aonetsenso kumene anagula mchenga, ndi nambala ya chiphaso cha amene anamugulitsa, iye mwini akanayamba kukana lole yopanda kalata. Mwini lole akanafuna malo ovomerezeka, ndipo magulu a okumba akanathamangira kukhonsolo kukalembetsa popanda wowathamangitsa ndi chibonga. Malinga wogula wamkulu safunsa, wogulitsa alibe chifukwa cholipirira chiphaso, ndipo amene adzapitirize kulipira ndi mwini dimba, mwini chitsime ndi wokhoma msonkho amene adzamangenso mlatho.